KUMENE AMALEMBA MAYESO POPANDA WOLONDERA: MBIRI YA KOLEJI YA DAVIDSON



A Mkonzi a kalata yathu ino akhala akundikumbutsa kuti ndilembeko kanthu za ulendo umene ndinayenda mu 2022, pamene boma linanditumiza ku maphunziro a milungu 6 m'chigawo cha North Carolina ku America. Za maphunzirowo sindinenapo, pakuti ndi nkhani za m'maofesi zimene zingakugonetseni tulo. Chimene ndifuna kukusimbirani ndi mbiri ya koleji ina yaing'ono imene inayambitsidwa ndi mpingo wa Presbyterian, dzina lake Davidson College. Mkulu wa mpingo amene ndinkagona kunyumba kwake ndiye ananditengera kumeneko Loweruka lina m'mwezi wa Okutobala, pokaona mwana wake wamkazi amene ankaphunzira pamenepo. Ndinapita ngati woperekeza chabe, koma ndinabwererako kawiri pandekha, ndipo chibwerereni kumudzi kuno ndakhala ndikuwerenga mbiri ya sukuluyi. Chifukwa chake ndichinena kumapeto.

SUKULU YA MTUNDU WANJI?

Kolejiyi ili m'tauni yaing'ono ya dzina lomwelo, pa mtunda wa makilomita pafupifupi 30 kumpoto kwa mzinda wa Charlotte. Ophunzira ake alipo pafupifupi 2,000 basi, ndipo pafupifupi onse amagonera pomwepo. Nyumba zake ndi za njerwa zofiira, zokhala ndi nsanamira zoyera, ndipo pakati pake pali kapinga ndi mitengo ikuluikulu.

Eni ake amati ndi koleji ya liberal arts. Tanthauzo lake ndi lakuti mwana akafika samuuza tsiku lomwelo kuti iwe ndiwe wa zamalamulo, iwe ndiwe wa zaulimi. Kwa zaka ziwiri zoyamba amalawa zonse: mbiri yakale, masamu, sayansi, chilankhulo chachilendo, luso la zoimba kapena zojambula, ndi maphunziro a kaganizidwe. Pofika kumapeto kwa chaka chachiwiri m'pamene amasankha phunziro limodzi loti azame nalo, ndipo pa chaka chachinayi amalandira digiri. Amene afuna udokotala kapena uloya amakauphunzira kwina akatha apa. Ife a nthawi yathu tikumbuka kuti wina ankangomva pawailesi kuti wasankhidwa kupita ku Bunda kapena ku Polytechnic, asanadziwe n'komwe chimene mtima wake ufuna. Kumeneko amati ayambe aumba munthu, za ntchito zibwera pambuyo.

CHIYAMBI CHAKE

Anthu amene anayambitsa sukuluyi ndi a mtundu umodzi ndi aja anabweretsa mishoni ya Livingstonia mu 1875 ndi ya Blantyre mu 1876. Makolo awo anachokera ku Scotland ndi kumpoto kwa Ireland, nadzakhala m'dera limeneli m'zaka za m'ma 1700. Monga mudziwa, Mpresbyterian akamanga tchalitchi sakhalitsa asanamange sukulu pambali pake, chifukwa amakhulupirira kuti Mkhristu aliyense ayenera kudziwerengera yekha Baibulo, ndipo mbusa ayenera kukhala wophunzira.

Mu 1835 presbitere ya Concord inagwirizana zomanga sukulu yophunzitsa anyamata, makamaka oti adzakhale abusa. Sukuluyo inatsegulidwa mu Malichi 1837 ndi anyamata oposa 60. Kuti muone kutalika kwa nthawiyo, m'chaka chimenecho David Livingstone anali akadali mwana wa sukulu ya udokotala ku Glasgow. Mtsogoleri woyamba anali Mbusa Robert Hall Morrison. Dzina la Davidson analitenga kwa mkulu wa asilikali William Lee Davidson, amene anaphedwa pa 1 Febuluwale 1781 pa dooko la Cowan's Ford pamtsinje wa Catawba, polimbana ndi asilikali a Angerezi pa nkhondo yomenyera ufulu wa America. Malo a sukuluyi, maekala 469, anachokera kwa mwana wake. Pa dooko lija anadzamangapo damu la magetsi m'zaka za m'ma 1960, ndipo madzi ake ndiwo nyanja ya Lake Norman imene ophunzira amakasambirako masiku ano.

Chimene chinandiseketsa ndi ichi: pachiyambi mwana aliyense ankayenera kugwira ntchito yamanja maola atatu pa tsiku, kulima, kudula nkhuni kapena ukalipentala, kuti fizi itsike ndiponso kuti thupi lilimbe. Inu amene munatchetchapo udzu kuseri kwa hositelo mudziwa mmene mwana wa sukulu amagwirira chikwakwa. Anyamata a ku Davidson nawo anadana nayo ntchitoyi, munda sunapindule, ndipo mu 1841 lamulolo linathetsedwa. Patapita zaka zoposa 50, Dr Robert Laws anayesa nzeru yofananayo ya kuphatikiza buku ndi ntchito yamanja pa sukulu ya Overtoun ku Khondowe, imene inayamba mu 1894, ndipo kumeneko inakhalitsa nitulutsa amisiri ambiri.

NJERWA ZOUMBA AKAPOLO

Akulu anati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Pa chidindo cha kolejiyi pali mawu a Chilatini akuti Alenda Lux Ubi Orta Libertas, kutanthauza kuti kuunika kusamalidwe pamalo pamene panabadwira ufulu. Koma pa nthawi imene ankalemba mawu amenewa, njerwa zomangira nyumba zoyamba zinali kuumbidwa ndi akapolo a m'minda yozungulira. Akapolo ndiwo ankaphika, kuchapa ndi kutema nkhuni. Mbusa Morrison mwini wake anali ndi akapolo. Mkamwini wake wina, D. H. Hill, anaphunzitsa masamu pa kolejiyi m'zaka za m'ma 1850, nalemba buku la algebra lokhala ndi mafunso onyoza anthu a kumpoto kwa America. Mkamwini winanso anali Thomas Jackson, uja anatchuka ndi dzina lakuti Stonewall. Onse awiri anadzakhala akulu a asilikali a kummwera pa nkhondo yapachiweniweni ya 1861 mpaka 1865, kumenyera mbali imene inkafuna kuti ukapolo upitirire.

Ndalama zimene zinaimika sukuluyi pa miyendo iwiri nazonso zinali ndi fungo lomwelo. Kwa zaka pafupifupi 20 kolejiyi inali yosauka, yodalira zopereka za mipingo ya kumidzi. Tsono mu 1855 munthu wina wachuma wa m'tauni ya Salisbury, Maxwell Chambers, anamwalira nasiyira sukuluyi madola oposa 200,000, chuma chosaneneka pa masiku amenewo. Mbali yaikulu ya chumacho inachokera pa thukuta la akapolo, amene iye anali nawo ambiri. Ndi ndalamazo anamanga chinyumba chachikulu cha makalasi ndi zipinda zogona chimene chinatha mu 1860, nachitcha Chambers. Chaka chotsatira nkhondo inabuka, anyamata ambiri anapita kukamenya, ndipo chuma chochuluka chinatayika. Komabe sukulu sinatseke, ngakhale kuti nthawi zina munkatsala ana owerengeka.

ANYAMATA A MTSUTSO NDI A CHIDWI

Pali nyumba ziwiri zazing'ono za nsanja zimene zapenyana maso ndi maso, ngati atambala awiri pabwalo. Zinamangidwa cha m'ma 1849 ndi 1850, ndipo zinali za magulu awiri a mtsutso, la Eumenean ndi la Philanthropic. Pafupifupi mwana aliyense ankalowa limodzi mwa magulu amenewa. Gulu lililonse linali ndi laibulale yake, malamulo ake, ndi chindapusa kwa amene walankhula zopanda ulemu. Ophunzira ankatsutsana ataima pamakonde a nyumba ziwirizo, omvera ali pansi pakati. Inu amene munali m'kalabu ya dibeti mukadakhala kwanu kumeneko.

Mmodzi mwa a gulu la Eumenean anali mwana wa mbusa, Woodrow Wilson, amene anaphunzira pano chaka chimodzi, 1873 mpaka 1874, asanapite ku Princeton. Iyeyu anadzakhala pulezidenti wa America kuyambira 1913 mpaka 1921. Winanso wotchuka ndi Dean Rusk, amene anatsiriza mu 1931 nadzakhala nduna yoona za maiko akunja kuyambira 1961 mpaka 1969.

Nkhani imene ana a sukulu amaikonda kwambiri ndi ya usiku wa pa 12 Januwale 1896. Panali patangopita masabata ochepa chilengezereni Wilhelm Röntgen wa ku Germany kuti wapeza kuwala kotha kuona mafupa m'kati mwa thupi. Anyamata atatu, atamva mphunzitsi wawo wa sayansi Henry Louis Smith akufotokoza za zimenezi, ananyengerera wosunga makiyi kuti awatsegulire labotale usiku. Anaika pa mbale yojambulira chala cha mtembo, mphete ndi tinthu tina, nadikira maola angapo. Chimene chinatuluka ndi chimodzi mwa zithunzi zoyambirira za X-ray m'dziko la America. Poopa chibalo, anabisa nkhaniyi kwa nthawi yaitali. Kuswa lamulo ndi kutulukira nzeru zinachitika usiku umodzi, ndipo lero sukulu imanyadira chachiwiricho.

MOTO NDI FODYA

M'mamawa wa pa 28 Novembala 1921 chinyumba cha Chambers chinapsa chonse, kutsala nsanamira zokha. Ophunzira akale ndi mipingo anasonkha ndalama, ndipo Chambers yatsopano inatha mu 1929. Ndi imene ilipo mpaka lero, ndipo makalasi ambiri amachitikira m'menemo.

Pakati pa mavutowo panabwera mwayi wina. Mu 1924 James B. Duke, amene analemera ndi fodya ndi magetsi, anakhazikitsa thumba la chuma lothandiza zipatala, ana amasiye, mipingo ndi masukulu anayi, ndipo Davidson inapatsidwa magawo 5 pa 100 alionse a phindu lake chaka ndi chaka. Ife Amalawi dzina la Duke sitilidziwa, koma mthunzi wake unafika kwathu. Kampani ya Imperial Tobacco, imene inatsegula fakitale ku Limbe mu 1908, inapangidwa ku Britain mu 1901 ndi cholinga cholimbana ndi Duke yemweyu pamene ankafuna kulanda msika wa ndudu wa Angerezi.

Imodzi mwa masukulu anayi aja inali Johnson C. Smith ya mu Charlotte, koleji ya Presbyterian ya anthu akuda imene inayamba mu 1867. Taganizani: masukulu awiri a chikhulupiriro chimodzi, otalikirana ulendo wosakwana ola, wina wa azungu okhaokha, wina wa akuda.

CHITSEKO CHINATSEGULIDWA NDI MWANA WA KU CONGO

Apa m'pamene mbiriyi inandikhudza kwambiri. Kwa zaka 125 munthu wakuda ankalowa pa Davidson ngati wantchito basi. Ngakhale pamene khoti lalikulu la America linagamula mu 1954 kuti kusankhana mitundu m'masukulu a boma n'kosaloledwa, kolejiyi, pokhala yosakhala ya boma, inangokhala chete.

Koma mpingo wa Presbyterian wa kummwera kwa America unali ndi mishoni ku Congo, m'dera la Kasai, kuyambira 1891, pamene Samuel Lapsley ndi William Sheppard, amene anali wakuda, anafika ku Luebo. Congo italandira ufulu pa 30 Juni 1960, amishoni anafunsa funso lovuta: tikuphunzitsa ana kuno kuti onse ndi amodzi mwa Khristu, nanga tidzawauza chiyani akafunsa chifukwa chimene sangalowere m'makoleji a mpingo wathu womwe? Mu 1961 akuluakulu oyendetsa Davidson anavomera kulandira ophunzira ochokera ku Congo, ndipo mu 1962 anavomera kuti khomo litseguke kwa mtundu uliwonse. Chaka chomwecho Benoit Nzengu wa ku Congo anafika, nakhala wophunzira wakuda woyamba. Pa nthawiyo lamulo loletsa tsankho m'malesitilanti ndi m'nyumba za kanema linali lisanakhazikitsidwe, pakuti linadza mu 1964. Pambuyo pake panabwera mnzake Georges Nzongola-Ntalaja, amene anatsiriza mu 1967 nadzakhala pulofesa wodziwika wolemba za mbiri ndi ndale za Congo. Akuda a ku America komweko, Leslie Brown ndi Wayne Crumwell, analowa mu 1964, chaka chimene ife tinalandira ufulu wathu.

Onani mmene mtima wa munthu ulili. Kunali kwapafupi kulandira wakuda wochokera kutsidya la nyanja kusiyana ndi kulandira mdzukulu wa amene anaumba njerwa, wokhala kutsidya la njanji m'tauni momwemo.

Ndipo chilungamo chitafika sichinagwere onse mofanana. M'tauniyo munali wometa tsitsi wakuda amene ankameta azungu okhaokha, poopa kuti akameta wakuda mnzake makasitomala ake athawa. Mu 1968 ophunzira a pakoleji anaima ndi zikwangwani pakhomo pake kumudzudzula. Iye anagonja nayamba kumeta aliyense, azungu ambiri anathawadi, ndipo patapita zaka zochepa bizinesi yake inagwa. Ophunzirawo anali kunena zoona, koma amene analipira mtengo wa choonadicho anali munthu wakuda amene sanayambitse tsankholo.

ATSIKANA NDI ZA CHIPEMBEDZO

Atsikana analoledwa kulowa ngati ophunzira a digiri mu 1972, ndipo mtsogoleri woyamba wamkazi, Carol Quillen, anasankhidwa mu 2011. Ubale ndi mpingo nawo wakhala ukusintha. Kale mwana aliyense ankakakamizidwa kupita ku chapelo m'kati mwa sabata ndi ku mapemphero a Lamulungu madzulo, koma lamulo limeneli linatha m'zaka za m'ma 1960. Mu 1977 kunabuka mkangano waukulu pamene mphunzitsi wina Myuda analandidwa ntchito imene anali atalonjezedwa, chifukwa anatsutsa lamulo lokondera Akhristu pa ntchito yokhazikika. Pambuyo pake lamulolo linasinthidwa. Mu 2005 analola kuti osakhala Akhristu akhale nawo m'bungwe loyendetsa sukulu, ndipo ena mwa opereka ndalama zambiri anakwiya natula pansi udindo. Mu 2021 anachotsa lamulo lakuti mtsogoleri wa koleji akhale wa Presbyterian. Chodabwitsa n'chakuti amene anasankhidwa mu 2022, Douglas Hicks, wophunzira wakale wa pomwepo, ndi mbusa wa Presbyterian ndithu. Tchalitchi chachikulu chikadali pangodya ya sukulu, koma amalowamo ndi amene wafuna.

MOYO WA PASUKULU

Mwana wa mkulu wa mpingo uja anandionetsa malo ndi kundifotokozera miyambo. Woyamba ndi mpikisano wa makeke. Unayamba mu 1930 pamene mphunzitsi wa zamasewero ankafuna kudziwa amene ali ndi liwiro pakati pa ana atsopano. Chaka chilichonse, sukulu ikangotsegulira, ana a chaka choyamba amathamanga makilomita osakwana atatu, ndipo anthu a m'tauni ndi aphunzitsi amaphika makeke ambirimbiri. Woyamba kufika amasankha keke imene wakonda, wachiwiri chimodzimodzi, mpaka atatha. Ndinakumbuka mmene ife tinkalandirira a Fomu 1, ndipo ndinachita manyazi.

Wachiwiri unali wa kuchapa. Kwa zaka zoposa 90 sukulu inkachapira ndi kusitira ophunzira zovala, mwana n'kungosiya thumba lokhala ndi nambala yake. Mwambowu unatha mu 2015 pofuna kupulumutsa ndalama. Nyumba yochapirayo inatchedwa dzina la Lula Bell Houston, mayi wakuda amene anagwiramo ntchito zaka zoposa 50, ndipo lero ndi malo amene ophunzira osowa amakatengako chakudya, mabuku ndi zovala mwaulere.

Osowa alipodi, pakuti fizi, chakudya ndi malo ogona pamodzi zinkapitirira madola 70,000 pa chaka pamene ndinali kumeneko. Koma kuyambira 2007 kolejiyi inalonjeza kuti mwana amene wakhoza koma makolo ake sangathe kulipira adzathandizidwa ndi mphatso ya ndalama ndi kantchito ka pasukulu, osati ngongole. Gawo lalikulu la ndalama zimenezi limachokera kwa ophunzira akale.

Za masewero, dzina limodzi ndilo lili pakamwa pa aliyense: Stephen Curry, katswiri wa basketball. Masukulu akuluakulu anamukana kuti ndi wochepa thupi, Davidson inamutenga mu 2006, ndipo mu 2008 anaifikitsa m'gulu la matimu 8 omaliza m'dziko lonse, kumene anagonja kwa Kansas ndi mapointi 59 kwa 57. Mu 2009 anachoka asanatsirize digiri kupita ku Golden State Warriors. Sukulu ili ndi lamulo lakuti nambala ya wosewera siipumitsidwa mwaulemu ngati mwini wake sanatsirize maphunziro, ndipo sanamuchotsere lamulolo ngakhale anatchuka dziko lonse. Anadikira zaka 13. Curry anatsiriza digiri yake mu 2022, ndipo pa 31 Ogasiti chaka chomwecho, milungu yochepa ine ndisanafike, m'pamene anakweza nambala 30 kudenga la bwalo.

LUMBIRO LA ULEMU

Tsopano ndifike pa chimene chinandibweza kawiri. Tikulowa m'laibulale, ndinaona makompyuta a m'manja, mafoni ndi zikwama zili pamatebulo, eni ake kulibe. Ndinafunsa kuti mlonda ali kuti. Mtsikanayo anaseka nati, "Bambo, anthu apita kukadya. Azipeza."

Mwana aliyense akangofika pa Davidson amasaina lumbiro pamaso pa anzake, lakuti sadzaba, sadzanama pa nkhani za sukulu, sadzabera mayeso, ndiponso kuti akaona mnzake akuchita zimenezi adzanena. Mwambo umenewu uli ndi zaka zoposa 100. Milandu yake imaweruzidwa ndi bwalo la ophunzira osankhidwa ndi anzawo, ndipo wopezeka wolakwa angathe kulepheretsedwa phunzirolo, kubwezedwa kunyumba kwa kanthawi, kapena kuchotsedwa. Pa sabata ya mayeso, mwana amasankha yekha tsiku ndi nthawi yolembera phunziro lililonse. Amapita ku Chambers, kutenga envulopu ya mafunso, kukhala m'kalasi mopanda wolondera, kulemba, ndi kubweza. Mnzake wa chipinda chimodzi angathe kudzalemba mayeso omwewo mawa lake, ndipo sauzana kanthu. Sindikunena kuti kumeneko kuli angelo. Bwalo lija likadakhala lopanda ntchito bwenzi atalithetsa. Koma dongosolo lonse laima pa kukhulupirira mwana poyamba, ndipo lakhala likuyenda.

Ndili chiimire m'khonde la Chambers, ndinakumbuka tsiku lina tili Fomu 3. Tinali kulemba mayeso a Jogalafe a kumapeto kwa teremu, ndipo aphunzitsi anaitanidwa ku ofesi mwadzidzidzi. Asanafike n'komwe pa masitepe, makope anali atatuluka m'madesiki, likasa likuyenda kuchokera kumbuyo kupita kutsogolo. Anzanga a kalasi imeneyo mukukumbuka. Chimene simudziwa n'chakuti inenso, amene munkanditcha m'busa, ndinatsegula kope langa pansi pa desiki ndi kukopera mayina a mitsinje. Ndinapeza 78, ndipo bambo anga anandigulira nsapato. Papita zaka zoposa 25, za m'mayeso ena onse ndinaiwala, koma 78 ameneyo ndimamukumbuka.

Lero ndine wantchito wa boma. Pa tebulo langa pamadutsa mapepala a alawansi, a mafuta a galimoto, a misonkhano imene ena amasainira asanapiteko. Nthawi zambiri palibe amene akuona. Ndazindikira kuti ntchito ya boma ndi mayeso opanda wolondera, tsiku ndi tsiku, kwa zaka 30. Koma ife tinakula tikudziwa kuti kukhulupirika ndi ntchito ya wolondera: iye akapenya kumbali, mlandu ndi wake. Mu Novembala 2020 mayeso a MSCE anathetsedwa dziko lonse chifukwa mapepala anabedwa, ana osalakwa nalembanso mu Januwale 2021. Tinakwiya tonse, tinati awonjezere apolisi. Sindinamve wina akufunsa kuti mwana amene walonderedwa kuyambira Sitandade 1 mpaka ku yunivesite adzaphunzira liti kudzilondera yekha.

Komabe mbiri imene ndakusimbiraniyi indiletsa kutamanda Davidson mopitirira. Anyamata amene sakanaba ngakhale pensulo ya mnzawo anakhala zaka zambirimbiri akudya chakudya chophika anthu amene ana awo sankaloledwa kulowa m'kalasi, ndipo sanaone kuti pamenepo pali kuba. Munthu angathe kukhala wokhulupirika pa zazing'ono, diso lake lili lotseka pa zazikulu. Chimene ndingawayamikire n'chakuti potsiriza lumbiro lija analitembenuzira kwa iwo eni. Mu 2017 anakhazikitsa bungwe lofufuza mbiri ya sukuluyi pa nkhani ya ukapolo ndi tsankho, lotsogozedwa ndi Anthony Foxx, wophunzira wakale wakuda amene anakhalapo meya wa Charlotte ndi nduna ya zamtengatenga mu boma la Barack Obama. Mu Ogasiti 2020 Carol Quillen anapepesa poyera m'dzina la koleji. Nyumba ija ikutchedwabe Chambers, ndipo ena sakondwa nazo, koma mwana amene amatengamo envulopu ya mayeso lero amadziwa kumene ndalama za mwini dzinalo zinachokera. Zinawatengera zaka 183.

Pa msonkhano wathu wapachaka ndidzapempha mphindi zochepa kuti tikambirane ngati sitingapemphe aphunzitsi aakulu kuyesa, pa kalasi imodzi yokha ndi pa mayeso a pakati pa teremu okha, kuti ana asaine lonjezo ndipo mphunzitsi atuluke. Mwina adzabera onse, monga tinachitira ife. Mwina atatu kapena anayi sadzatsegula kope, ndipo adzadziwa kanthu kena za iwo eni kamene ine ndinachedwa kukadziwa. Amene muli ndi maganizo otsutsa, bwerani nawo. Mtsutso tinauphunzira limodzi.

Kwa aphunzitsi athu a Jogalafe, ngati kalata ino idzakupezani kumene mukupumulako: 78 uja sanali wanga yense. Pepani.

Ndatha ine mnzanu wa Fomu 4 ya 1998.